Mfumukazi ya ku Perisiya ndi Poto wa Mkazi Wanga

1

Mkazi wanga anandigwira ndi chibwenzi popanda kundipeza ndi munthu. Sanandizembere, sanapise m'matumba a jekete langa, sanafunse anzanga. Umboni wonse ndinkakamupatsa ndekha, m'chitini, madzulo alionse, uku ndikumwetulira ngati chitsiru. Banja langa linatsala pang'onong'ono kutha, ndipo mpaka lero ndikaikumbukira nkhaniyi ndimayamba n'kuseka, n'kumaliza ndikufunafuna mpango.

Dzina langa ndine Alois Vondra. M'chaka cha 1916 ndinkajambula kanema ku Los Angeles, pakampani ya Bambo Dunlevy. Ndati kampani, koma linali khola lakale la mahatchi pakati pa minda ya malalanje. Denga tinasasula kuti dzuwa lizilowa, pamwamba n'kukunga nsalu zoyera.

Musandione kukalambaku, ndinali katswiri ine. Makamera a nthawi imeneyo ankayenda ndi dzanja, iwe kupukusa handulo, filimu n'kumayenda. Ukapukusa mothamanga, anthu pachinsalu amayenda pang'onopang'ono ngati ali m'madzi. Ukapukusa mwaulesi, amathamanga ngati alumidwa ndi mavu. Luso lonse linali kusunga liwiro limodzi, kaya kugwe chiyani. Ine ndinkang'ung'uza kanyimbo kanga m'mphuno, dzanja n'kumatsatira. Nyumba zinkapsa pamaso panga, mahatchi ankandidumpha pamutu, tsiku lina mkango wobwereka unatafuna chipewa cha Bambo Dunlevy ine ndili pambali pake, koma dzanja langa osasintha ngakhale pang'ono.

"Vondra alibe mtima," ankatero Bambo Dunlevy. "M'chifuwa mwake muli wotchi."

Filimu yonse imene ndajambula inkapita m'chitini madzulo alionse kuchipinda chodulira, kumene amayi ankaidula ndi sizasi n'kuilumikiza ndi guluu kuti nkhani imveke. Mkulu wawo anali Delia, wamfupi, wa tsitsi lofiira, woti akaseka ankamveka mpaka pokwerera tramu, kasitima ka m'tauni. Filimu ankaiyeza ngati wogulitsa nsalu, kuchokera pamphuno kukafika kunsonga ya chala. Tsiku lina anandiimitsa pakhomo.

"Bambo Vondra, pakampani pano filimu yanu ndi yokhayo imene sindiitukwana."

Ine ndinamva ngati wandifunsira ukwati. Chaka chisanathe tinali titakwatirana, tili m'kanyumba ka lendi kokhala ndi mtengo wa mandimu kuseri. Ndinkamukonda Delia koopsa. Izi muzisunge, chifukwa kutsogoloku mundikayikira.

2

M'mawa wina Bambo Dunlevy anatisonkhanitsa onse, atavala suti yoyera, chindudu chili pakamwa.

"Anyamata, pesani tsitsi, mangani mabatani! Ndakupezerani Zaraida, mwana wa mfumu ya ku Perisiya. Anathawa kunyumba yachifumu atakulungidwa m'kapeti. Chingerezi sadziwa ngakhale liwu limodzi. Nyama sadya, amangodya maluwa ndi uchi. Amene amukhudze, ntchito yatha!"

Galimoto inalowa, atolankhani akuithamangira pambuyo. Munatsika mkazi wamtali, tsitsi lakuda bii lofika m'chiuno, maso ozunguliridwa ndi utoto wakuda, zibangili mpaka m'zigongono, akukoka kambuku wokalamba wopanda mano. Anzanga onse kukamwa yasa. Ine ndinabisala kuseri kwa kamera. Mkaziyu ndinkamudziwa. Ndinkamudziwa bwino lomwe, ndisanamuone n'komwe Delia. Iye anandiyang'ana, n'kutsinzinira diso limodzi, ndipo podutsa anandiponda phazi dala.

Masana omwewo tinakumana kuseri kwa khola la kambuku. Mfumukazi yosadziwa Chingerezi ija inandikumbatira n'kuyamba kulira m'Chingerezi chomveka bwino.

"Musandiulule, chonde. Ndasaina pepala. Akangodziwa anthu kumene ndachokera, basi, ufumu watha, ndibwerera kokatsuka mbale."

Ndinalumbira. Za mkazi wanga tinakambirananso, koma zimenezo dekhani, ndikuuzani.

Ntchito ya Zaraida inali kupulumuka imfa sabata iliyonse, kuti anthu azibweranso kudzaona ngati wafa. Poyamba penipeni anamukweza pathanki yamadzi ya m'mbali mwa njanji kuti adumphire pasitima ikuyenda. M'ngolo ya malasha tinali titabisamo matiresi, koma kuchokera pamene ndinaima ine, matiresiwo ankaoneka ngati kampango ka m'thumba.

"Pukusa!" anakuwa Bambo Dunlevy.

Ndinayamba kanyimbo kanga. Sitima inatulukira ikufuka utsi. Zaraida anatambasula manja pamwamba paja, mphepo ikumukankha, ndipo kanyimbo kanandithawa m'mutu. Mtima unali gu gu gu. Atadumpha ndinatseka diso limodzi. Anatera pamatiresi bwinobwino, n'kudzuka akugwedeza zibangili, anthu onse m'manja phwa phwa.

Mawa lake tinakhala m'chipinda chamdima kuonera zimene ndajambula. Abale inu! Mfumukazi sinagwe. Inatsika pang'onopang'ono, nsalu zikuuluka, tsitsi likuyandama, munthu ukanatha kupita kukamwa khofi n'kubwerera isanafike pansi.

"Vondra!" anabangula Bambo Dunlevy. "Ndinati adumphe, osati aziyandama ngati nthenga ya nkhuku! Filimu ndi ndalama, mwana iwe. Wadwala?"

"Dzanja linachita dzanzi, bwana."

Kumbuyo kwanga, mumdima, ndinamva sizasi ya Delia ikutseguka n'kutsekeka.

3

Ndinayesetsa, Mulungu ndi mboni. Ndinasintha nyimbo, ndinaluma pensulo, ndinayesa kuganiza za misonkho. Koma Zaraida akangolendewera pamlatho, akangomangidwa panjanji, akangolowa m'nyumba yoyaka, dzanja langa linkathamanga lokha ngati la munthu wina.

Kenako kunabwera zopsopsonana. Mnyamata wa m'sewerolo anali Percival Thorne, wa ndevu zopaka mafuta, wonunkha anyezi kuyambira m'mawa. Atangomugwira Zaraida m'chiuno n'kutsitsa milomo yake, mano anga analumana, mkono unauma, handulo inayamba kulemera ngati mphero. Ndinapukusa mokakamiza, pang'onopang'ono. Pachinsalu chikondi chonsecho chinatha m'kuphethira kwa diso, Thorne akuoneka ngati tambala wojompha chimanga. Kampani yonse inagwa n'kuseka, kupatula munthu mmodzi.

Madzulo amenewo Delia anaika chakudya patebulo, pambali pake n'kuyala zidutswa zitatu za filimu.

"Alois, taona kuno." Anatenga choyamba n'kuchiika pamphuno. "Thorne kugwa pahatchi, mkono umodzi. Kamtsikana kokongola kaja kugwera mumtsinje, diresi litamatirira thupi, mkono umodzi. Sunagwedezeke n'komwe, ndinakunyadira. Tsono iyi ndi mfumukazi yako kudumpha pathanki." Anakoka, nakokanso, nakokanso, filimu n'kugwera mumsuzi. "Mikono itatu. Tandifotokozera."

"Ndi nyamakazi, Delia."

"Nyamakazi yodziwa kusankha nkhope?"

"Imabwera mwadzidzidzi."

"Ndipo Thorne akamupsopsona imabweranso, koma chobwerera m'mbuyo. Nyamakazi yansanje! Mawa tipite nayo kwa dokotala, akaiike m'botolo anthu azikalipira poionera."

Ndinaseka nawo, koma thukuta linali kamukamu. Apa ndi pamene munthu wanzeru akanayankhula. Ine m'malo mwake ndinawonjezera nkhuni pamoto.

Mukumbuke kuti mfumukazi inkadya maluwa. Atolankhani akabwera, Bambo Dunlevy ankaiikira mbale ya maluwa ofiira, iyo n'kumatafuna ikumwetulira. Tsiku lina ndikukonza kamera, Zaraida anadutsa pafupi n'kunong'ona osagwedeza milomo.

"Ndifa ndi njala. Dzulo ndaba nyama ya kambuku."

Mtima unandipweteka. Madzulo ndinamuuza Delia kuti masiku ano njala ikundivuta kuntchito, bwanji azindiphikira kabichi wowawasa ndi soseji, mmene ankaphikira amayi anga ku Cleveland, koma wambiri.

Delia anasangalala, mayi wosalakwa. "Eya, wayamba kudya ngati mwamuna! Mwina nyamakazi ithawa."

Ankadzuka m'mamawa n'kudzaza poto wake wabuluu wa chivundikiro chophwanyika m'mphepete, mphatso ya amayi ake pa ukwati wathu. Ine ndinkamunyamula, n'kumulowetsa pansi pa nsalu yakumbuyo ya tenti ya mfumukazi, madzulo n'kumutenga ali mbee. Zaraida anayamba kunenepa. Bambo Dunlevy anauza atolankhani kuti maluwa a ku California ali ndi mafuta ambiri. Ine ndinayamba kuonda, chifukwa masana ndinkangodya malalanje akugwa okha.

"Chakudya chonsechi chikupita kuti?" anafunsa Delia akundigwira nthiti.

"Ntchito, mkazi wanga. Kupukusa kumadya thupi."

Tsiku la tsoka linafika. Chibangili cha mfumukazi chinapezeka m'chipinda chodulira, Delia n'kunena kuti akachipereka yekha. Mutenti munalibe munthu. Munali fungo lokha, fungo limene mphuno yake inkalidziwa bwino. Analitsatira mpaka pamulu wa mapilo a silika, n'kuvundukula. Poto wabuluu anali pamenepo, atanyambitidwa mpaka pansi, supuni ili momwemo.

4

Ndinkayembekeza mkuntho. Sunabwere, ndipo chimenecho n'chimene chinandiopsa. Delia sanakuwe, sanaswe mbale. Anangoyamba kundilemekeza.

"Bambo Vondra, chakudya chapsa. Bambo Vondra, kodi mwakhuta, kapena tisungireko alendo?"

Mkazi amene ankanditcha iwe kuyambira tsiku la ukwati! Masiku amenewo ankachedwa kuchipinda chodulira, akubwera zala zili guluu yekhayekha, maso ali psuu. Ndinkadziwa kuti akulira. Kawiri konse ndinatsegula pakamwa kuti ndinene zoona, kawiri konse ndinameza.

Lachisanu kampani yonse inasonkhana m'chipinda chamdima monga mwa masiku onse. Zaraida anakhala kutsogolo, nkhope ataphimba ndi kansalu. Nyale zisanazime, Delia anaimirira ndi chitini m'manja.

"Bambo Dunlevy, musanaone ntchito ya sabata ino, ndili ndi kafilimu kanga. N'kakafupi."

"Kako? Ndani wajambula?"

"Amuna anga, bwana. Ine ndangolumikiza."

Pachinsalu panatuluka mawu olembedwa ndi dzanja lake: NYAMAKAZI YA BAMBO VONDRA. Kenako zinayamba. Nyumba ikupsa, anthu akuyenda bwinobwino. Mkango ukutafuna chipewa, bwinobwino. Atsikana osamba m'nyanja miyendo ili pamtunda, bwinobwino. Ndiyeno Zaraida pathanki, kuyandama. Zaraida pamlatho, kuyandama. Zaraida pawindo la nyumba yoyaka, kuyandama ngati mngelo. Pakatipakati Thorne ankatulukira n'kujompha, jo! n'kuzimiririka. Kuyandama, jo! Kuyandama, jo!

Anthu analira n'kuseka. Wina anagwa pabenchi. Mkulu amene ankatiimbira limba kuti osewera alire bwino anayamba nyimbo yachikondi, zinthu n'kuipiraipira. Thorne yekha ndi amene anakwiya, akuti ndamuwonongera milomo. Kumapeto kwenikweni panaoneka poto wabuluu, yekhayekha, atakhala pamapilo a silika. Delia anali atapempha wojambula wina kuti ajambule potoyo, ndipo anamujambula bwino, kuwala kukuchokera m'mbali.

Nyale zitayaka, Delia anali ataima kutsogolo, poto weniweniyo ali m'manja. Sankaseka. Anavula mphete n'kuiponya mkati, ngwee!

"Sitima ya ku Sacramento inyamuka mawa masana. Ndikupita kwa amayi. Mfumukazi, ngati mukumva, kabichi ameneyu amafuna viniga pang'ono ndi moto wochepa. Muziphika nokha."

Zaraida sakanayankha, paja Chingerezi sadziwa. Zibangili zokha ndi zimene zinkalira. Ine ndinaimirira, koma Delia anali atatuluka kale.

Bambo Dunlevy anandigwira kolala. "Vondra! Wakhudza mfumukazi yanga?"

"Ayi, bwana, ndikulumbira!"

"Ndikuchotsa ntchito! Ndikuchotsa lero lomwe!" Anaima kaye, akutafuna chindudu, maso ali pachinsalu. "Koma kuyandama kuja, ukakuona kambirimbiri, n'kokongola ndithu. Ungathe kukuchita dala? Ndipo wina amuthamangire Delia, amuuze kuti kafilimu aka ndikagula."

5

Kunyumba ndinapeza chitseko chokhoma, pilo wanga ali pansi pa mtengo wa mandimu. Ndinakagona kukhola, pafupi ndi kambuku, amene anandiyang'ana ngati nayenso waonera filimu ija.

Kutacha ndinalowa mutenti ya Zaraida. Ndinamupeza akulira, utoto wakuda ukutsika m'masaya.

"Banja lanu likutha chifukwa cha ine," anatero.

"Usalire, ndiganiza chochita."

"Mwakhala mukuganiza milungu ingati? Pitani mukamuuze!"

Ndinatulutsa mpango wanga, dzanja lina ndamugwira paphewa, n'kuyamba kumupukuta m'maso. Nthawi yomweyo nsalu ya pakhomo inakankhidwa. Delia, chipewa chapaulendo kumutu, sutikesi kudzanja lamanzere, kudzanja lamanja sizasi yake imene anabwera kudzatenga.

Anatiyang'ana. Sutikesi inagwa pansi.

"Ngakhale kudikira kuti sitima inyamuke!"

"Delia, ima kaye!"

Ndani angaimitse mkazi wa tsitsi lofiira? Anandidutsa ngati mphepo, n'kugwira tsitsi lachifumu lija ndi dzanja lonse. "Ine ntchito yanga n'kudula zotalika mopitirira muyezo!" Anakoka kuti adule, ndipo tsitsi lonse linazuka n'kutsala m'manja mwake. Linali loika. Pansi pake panali katsitsi kachikasu ngati udzu wouma, ndi makutu awiri aakulu, otambasuka ngati zogwirira za poto.

Mfumukazi ya ku Perisiya inakuwa ndi mawu a kumsika wa ku Cleveland.

"Mayo ine! Achimwene, gwirani mkazi wanuyu, andidula khutu!"

Delia anayang'ana makutu a mfumukazi. Anatembenuka n'kuyang'ana makutu anga. Anabwereranso kwa mfumukazi.

"Achimwene?"

Inde, owerenga anga, mwandiweruza kokwanira. Zaraida anali Bozena Vondra, mlongo wanga wobadwa pambuyo panga, mwana wa wogulitsa soseji. Anathawa kwathu ali mtsikana n'kutsatira gulu la masewero oyendayenda, ndipo kumeneko ndi kumene Bambo Dunlevy anamupeza akudumpha pamisana ya mahatchi, osadziwa kuti ali ndi mbale pakampani pawo. Mwana amene ndinkamubereka kumsana, amene ndinamuphunzitsa kuwoloka msewu, ndi amene ankamuponya pamasitima ine ndikupukusa. Dzanja la ndani likanapirira? Nanga Thorne ndi anyezi wake, ankapsopsona mlongo wa ndani?

"Bozena," anatero Delia pang'onopang'ono. "Uja wosowa uja? Amene amayi ako amamuyatsira kandulo?"

"Yemweyo."

Delia anakhala pansi pakapeti, tsitsi loika lili pamiyendo ngati mphaka wakufa. Mapewa anayamba kugwedezeka. Ndinkayesa akulira, koma kunali kuseka, kuseka kwake kuja kofika pokwerera tramu.

"Mfumukazi! Ya maluwa ndi uchi! Ndiye ndakhala ndikuphikira mlamu wanga?"

"Alamu," anatero Bozena akufwenthera, "kabichi wanu amaposa wa amayi. Musakawauze."

Anakumbatirana, akulira, akuseka, utoto wakuda ukupaka bulauzi ya Delia. Ine ndinapumira m'mwamba. Ndinati zatha, ndapulumuka, mwina n'kudya ndidya lero. Kenako Delia anapukuta maso n'kumugwira Bozena patsaya.

"Koma iwe mlamu, ndiwe woipa. Kumulumbiritsa mwamuna wanga kuti abisire ngakhale ine?"

Bozena anadabwa. Ndinayesa kumutsinzinira, ndinatsokomola, ndinaponda kapeti, koma mwana ameneyu sanamvepo chizindikiro chiyambire.

"Ine? Ayi, alamu! Ine ndinati anthu ena onse ayi, koma alamu okha muwauze, azindithandiza. Iwowa ndi amene anakana. Anati inu mukamva nkhani m'mawa, pofika masana Los Angeles yense waidziwa, ndi mahatchi omwe."

Kuseka kunathera pomwepo. Delia anaimirira, anaika tsitsi lija pampando mosamala, anatola sutikesi yake, n'kutuluka osandiyang'ana.

6

Tramu inandisiya. Ndinalumphira hatchi yoyamba imene ndinaipeza, yomwe inali itapakidwa mizere yoyera kuti ikhale mbidzi m'sewero la masana. Ndinadutsa m'tauni pambidzi, wopanda chipewa, ana akundithamangira, wapolisi akuimba wezulo. Thukuta la hatchi linasungunula penti, moti ndinafika pasiteshoni buluku lili loyera mbuu.

Delia anali atakhala pasutikesi yake, tikiti ili m'manja. Anandiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi, ndipo sanamwetulire n'komwe. Apo ndinadziwa kuti zinthu zavuta zedi.

"Delia, ndikhululukire."

"Ukanakhala ndi chibwenzi, Alois, ndikanadziwa chochita. Mkazi mnzanga ndikanalimbana naye, tsitsi ndikanazula lenileni. Koma iwe unandiona ndikulira, unandiona ndikuonda, unandisiya ndidzichititse manyazi pamaso pa kampani yonse. Zonsezo unati zili bwino kusiyana n'kundikhulupirira."

"Ndinkaopa kuti Bozena ataya ntchito."

"Ndimalongolola, inde. Ndimanena za ndevu za Thorne, za chipewa cha mkazi wa Dunlevy. Unandimvapo ndikunena za m'nyumba mwathu? Unandimvapo ndikuuza munthu kuti bambo wa wotchi m'chifuwa amalira akaona mwana wagalu?"

Ndinagwada pomwepo, pakati pa anthu ndi akatundu awo, penti ikudontha. Ndinamuuza kuti ndine chitsiru, kuti ndinamuyesa wopepuka pamene wopepuka ndine, kuti akakwera sitimayo kamera ndiiponya m'nyanja chifukwa sindidzakhalanso ndi munthu womupatsa chitini madzulo. Ndinalira ngati mwana, osachita manyazi.

Sitima inafika. Anthu anakwera. Kondakitala anaitana, naitananso. Delia anali chikhalire, akuyang'ana kutsogolo. Sitima inalira, inanyamuka, utsi n'kutikuta tonse awiri.

"Usaganize kuti ndakukhululukira," anatero utsi utapita. "Kungoti poto wa amayi ndamuiwala kukampani. Dzuka, ukuchititsa manyazi mbidzi."

7

Tsopano mvetserani chimene mkazi ameneyu anachita.

Kukampani aliyense ankadziwa kuti Vondra anapenga ndi mfumukazi ndipo mkazi wake anabwerera chifukwa chosowa kolowera. Bambo Dunlevy anaipereka nkhaniyo kwa atolankhani, ataithira mchere, chifukwa inkagulitsa matikiti. Ine anandikweza malipiro kuti ndiziyandamitsa anthu dala, makampani ena n'kuyamba kundisirira. Koma Delia ankakhala m'chipinda chodulira pakati pa amayi anzake akumumvera chisoni. "Pepa, Delia, amuna ndi choncho." "Iwe ndiye wopirira, ine sindikanatha." Mawu amodzi okha akanamuchotsera manyazi onsewo. Ankangoluma mlomo, sizasi n'kumadula.

Kumuvuta kunkamuvuta, musaganize kuti zinali zophweka. Akafika kunyumba ankatseka mawindo onse, kukoka makatani, n'kundigwira malaya.

"Alois, wamva? Mfumukazi ya ku Perisiya ndi mwana wa wogulitsa soseji!"

Ndipo ine lamulo langa linali kudabwa. "Aa! Wanama!"

"Zoona! Makutu ake ngati a mwamuna wanga!"

Akatero ankapuma bwino, n'kukaphika. Lamlungu mfumukazi inkalowera khomo lakuseri itavala ngati wochapa zovala, n'kudya mpaka kumasula lamba.

Bozena anakhala mfumukazi mpaka kanema atayamba kuyankhula, n'kukwatiwa ndi dokotala wa mano wa ku Pasadena amene mpaka lero amakhulupirira kuti mkazi wake Chingerezi anachiphunzira kwa iye. Ine ndinajambula mpaka maso atafooka. Delia anatisiya chaka chatha, mandimu akuchita maluwa. Anapita osauza munthu ngakhale mmodzi, ngakhale amayi ake omubereka, amene anamwalira akundiona ngati wachimasomaso.

Inu amene muli pabanja, ndikupempheni kanthu. Musamuweruze mnzanu kuti sangathe kusenza katundu amene simunamusenzetsepo. Bodza limene mukuti likuteteza mbale wanu, amene akulilipira ndi uyo mukugona naye chipinda chimodzi, ndipo amalipira ndi misozi imene inu mukuiona n'kumayang'ana kumbali. Ine ndinachita mwayi, sitima inapita yokha. Si onse amene masitima amawachitira chifundo chotero.

Mwina mukufunsa kuti nanga chinsinsichi chafika bwanji m'magazini ino. Sabata yatha mkonzi wake anandipeza ndili ndekhandekha pakhonde, n'kunditengera kokamwa khofi. Anandigulira keke, n'kundifunsa ngati ndili ndi kankhani kalikonse ka masiku akale. Delia anachisunga mpaka kumanda. Ine keke ija sindinaifikitse n'komwe pakati.